Boma Likapyola Malire: Zimene wa ku Kabanana Ayenera Kudziwa

Pa 13 Febuluwale 2020, ku Chazanga, komboni yogundana ndi Kabanana, chipolopolo cha apolisi chinapha Frank Mugala, mwana wasukulu wa zaka 14. Inali nyengo ija ya mantha a gasi, pamene m'makomboni a Lusaka anthu ankachezera panja usiku wonse, moto uli pamsewu, zibonga zili m'manja, kudikira achiwembu amene ankamveka kuti akupopera mankhwala m'nyumba ndi m'masukulu. Tsiku limenelo anthu anali atawira ndi mkwiyo, apolisi anafika ndi mfuti, ndipo amene anagwa anali mwana wosafika n'komwe pa msinkhu wovota.

Dzina lake lili mumndandanda wautali. Mapenzi Chibulo, mtsikana wotsatira chipani cha UPND, anawomberedwa pa 8 Julayi 2016 apolisi ataletsa msonkhano wa chipanicho ku Chawama. Vespers Shimuzhila, wophunzira pa yunivesite ya UNZA, anafa mu Okutobala 2018 atabanika ndi utsi m'chipinda chake, usiku umene apolisi anaponya utsi wokhetsa misozi kumalo ogona ophunzira. Pa 23 Disembala 2020, pafupi ndi likulu la apolisi, anawomberedwa Joseph Kaunda, wotsatira UPND, ndi Nsama Nsama Chipyoka, loya woimira boma pamilandu, amene sanali m'gulu la otsatira chipanicho amene anasonkhana pamenepo. Bungwe la Human Rights Commission linafufuza n'kupeza kuti zipolopolozo zinali za apolisi.

Nkhani ya malamulo aakulu a dziko imamveka ngati ya maloya ndi mabwana a ku Kabulonga. Koma boma likapyola malire, woyamba kuwawidwa ndi wa ku komboni: mayi wa pakantemba, kondakitala wa minibasi, mnyamata wobwera ku ganyu usiku. Wolemera amaimbira loya wake asanafike n'komwe ku polisi. Wa ku Kabanana chimene angadzitchinjirize nacho ndi kudziwa zimene lamulo limanena, ndi anansi olimba mtima omuperekeza.

Ndodo imodzimodzi, manja osiyana

Mbiri ya Zambia ili ndi phunziro limene wokonda chipani chilichonse ayenera kulimeza. Kuyambira 1964 mpaka 1991 dziko linali pansi pa lamulo la nthawi ya ngozi, limene linkalola boma kutsekera munthu popanda kumuzenga mlandu, ndipo kuyambira Disembala 1972 chipani chololedwa chinali UNIP chokha. A Kenneth Kaunda anagwiritsa ntchito malamulo amenewa zaka zambiri. Atachoka pampando, lamulo la Public Order Act, limene atsamunda anapanga mu 1955 ndipo iwo analisunga, linawagwira iwo omwe chifukwa chochita msonkhano popanda chilolezo cha apolisi. Mu 1996 boma la a Frederick Chiluba linasintha malamulo aakulu kuti wofuna upulezidenti akhale ndi makolo onse awiri a mu Zambia, ndipo aliyense anadziwa kuti akusaka a Kaunda, amene makolo awo anachokera ku Nyasaland. Pa Khirisimasi ya 1997 a Kaunda anamangidwa.

A Hakainde Hichilema, mtsogoleri wa UPND, anakhala m'ndende masiku 127 mu 2017 pa mlandu woukira boma, wochokera pa mkangano wa magalimoto pamsewu wa ku Mongu nthawi ya Kuomboka. Nthawi ya chipani cha PF nyuzipepala ya The Post inatsekedwa mu Juni 2016, ndipo kanema wa Prime TV analandidwa laisensi mu Epulo 2020. Boma litasintha mu Ogasiti 2021 panachitika zabwino zoyenera kuzitchula: mu Disembala 2022 chilango cha imfa chinathetsedwa pamodzi ndi mlandu wonyoza pulezidenti, ndipo makada amene ankatolera ndalama m'misika ndi m'masiteshoni a mabasi anachepa. Komabe zipani zotsutsa zinayamba kudandaula zimene UPND inkadandaula, kuti apolisi akuletsa misonkhano yawo. Mu Seputembala 2023 apolisi anachenjeza a Edgar Lungu, pulezidenti wakale, kuti kuthamanga kwawo kwa Loweruka m'mawa ndi gulu la anthu ndi ndale zofunika kudziwitsa apolisi. Mabishopu a Katolika analemba mu Novembala chaka chomwecho kuti ufulu wa demokalase ukucheperachepera, ndipo mu Ogasiti 2024 akatswiri a bungwe la United Nations anadandaula za kumangidwa kwa otsutsa boma.

Akuluakulu amati chaona mnzako chapita, mawa chiona iwe. Chimene chimandipweteka n'chakuti ife a m'makomboni ndife timaomba m'manja pamene ndodo yagwera wa chipani china, tikuiwala kuti ndodoyo imatsala pomwepo boma likasintha.

Zimene zinalembedwa

Malamulo aakulu a dziko, konsitichushoni, ali pamwamba pa pulezidenti, nduna, phungu, khansala ndi wapolisi aliyense. Ndime 1 imati lamulo lililonse lotsutsana nawo n'lopanda mphamvu. Ufulu wa munthu uli m'Gawo 3. Ndime 12 imateteza moyo, ndime 13 ufulu wosamangidwa mwachisawawa, ndime 15 imaletsa kuzunza munthu, ndime 17 imateteza thupi lanu, katundu ndi nyumba yanu kuti zisafufuzidwe popanda chifukwa cha lamulo, ndime 18 imati munthu ndi wosalakwa kufikira khoti litamupeza wolakwa, ndime 20 ndi ya kulankhula, ndime 21 ndi ya kusonkhana ndi kulowa m'magulu. Ndime 28 imatsegula chitseko cha High Court kwa aliyense amene ufulu wake waphwanyidwa kapena uli pafupi kuphwanyidwa.

Tinene chilungamo: ambiri mwa maufuluwa ali ndi malire. Malamulo omwewo amalola boma kuwachepetsa chifukwa cha chitetezo cha dziko, bata, umoyo wa anthu kapena ufulu wa ena. Ngakhale ndime ya moyo imalola mphamvu yoyenerera podziteteza, pomanga munthu kapena pothetsa chipolowe. Pamenepa ndi pamene maboma amabisala. Koma malirewo ali ndi malire awonso. Payenera kukhala lamulo lolembedwa lolola zimenezo, mphamvuyo ikhale yolingana ndi vuto, ndipo chikhale chinthu chovomerezeka m'dziko la demokalase. Mawu a bwana wa pasiteshoni akuti "talandira malangizo kuchokera kumwamba" si lamulo. Ndime 15 yokha ilibe pothawira: palibe mlandu, ngakhale wakupha, umene umalola wapolisi kuzunza munthu.

Mukamangidwa

Apa ndi pamene ambiri a ku Kabanana amakumana ndi boma maso ndi maso, choncho tikhalepo pang'ono.

Wapolisi akakugwirani, musalimbane naye ndipo musathawe, ngakhale mukudziwa kuti simunalakwe. Kukana kumangidwa ndi mlandu pawokha, ndiponso kumapereka chifukwa kwa wofuna kukumenyani. Funsani mwaulemu: "Bwana, mwandimanga pa mlandu wanji?" Ndime 13 imati muyenera kuuzidwa chifukwa chake mwamsanga, m'chinenero chimene mumamva. Ngati Chingerezi chimakuvutani, nenani kuti akuuzeni m'Chinyanja. Sungani m'mutu dzina la wapolisiyo, nambala ya galimoto, nthawi ndi malo. Mukafika, dzina lanu lilembedwe m'buku la OB lolembamo zochitika za pasiteshoni, ndipo foni, ndalama, lamba ndi nsapato zimene akulandani zilembedwe m'buku la katundu wa omangidwa inu mukuona. Munthu wosalembedwa m'buku ndi amene amasowa, kapena kutuluka thumba lili gwa. Mkazi amafufuzidwa m'thupi ndi wapolisi wamkazi.

Ndime 33 ya lamulo la Criminal Procedure Code imati munthu womangidwa popanda chikalata cha khoti aonekere ku khoti pasanathe maola 24, ndipo ngati n'zosatheka, apatsidwe bondi ya polisi pokhapokha mlanduwo uli waukulu. Tonse tikudziwa kuti m'maselo a Lusaka muli anthu amene amatha sabata, ena mwezi, akuuzidwa kuti wofufuza mlandu wapita ku maliro kapena galimoto ilibe mafuta. Kuchuluka kwa khalidweli sikulisandutsa lamulo. Ndime 13 imapitiriza kunena kuti womangidwa mosatsata lamulo ayenera kulipidwa chipukuta misozi, ndipo loya angathe kupempha High Court kuti ilamule apolisi kubweretsa munthuyo ndi kufotokoza chifukwa chomusungira.

Bondi ya polisi ndi yaulere. Akuluakulu a polisi eni ake akhala akulengeza zimenezi, ndipo bungwe la Human Rights Commission limazibwereza kawirikawiri. Chimene chimafunika ndi anthu okuimirirani, odziwika kumene amakhala, okhala ndi chitupa cha NRC, olonjeza kuti mudzaonekera ku khoti. Koma taonani zimene zimachitika pakauntala. Mayi wafika m'mawa ndi nsima m'kontena, mwana kumbuyo, mwamuna wake ali mkati kuyambira Lachisanu. Wina womuonetsa chifundo akumukokera pambali n'kumunong'oneza kuti nkhaniyi ndi yaing'ono, ingofunika ya mafuta, apo ayi munthu wanu agona muno mpaka Lolemba. Mayiyo akuthamangira kwa wa kaloba, kapena akugulitsa thumba la makala limene linali mpamba wa bizinesi yake. Ndalamayo ilibe lisiti. Imeneyo ndi nchekeleko, ndipo pa lamulo wopereka ndi wolandira onse ali pa mlandu wa ziphuphu. Pemphani kuonana ndi mkulu wa siteshoniyo, ndipo pitani muli awiri kapena atatu, pakuti pamaso pa mboni mawu amasintha. Dziwaninso kuti pali milandu imene ilibe bondi kapena belo, monga kupha munthu, kuukira boma ndi kuba moopseza ndi zida.

Pofunsidwa mafunso muli ndi ufulu wokhala chete, kupatula kunena dzina ndi kumene mumakhala. Muli ndi ufulu woonana ndi loya. Musasaine pepala limene simunaliwerenge kapena kuwerengeredwa m'chinenero chanu. Ngati mwavomera mlandu chifukwa cha kumenyedwa, kapena kupachikidwa pa kampelwa, uzani woweruza tsiku loyamba lomwe. Khoti limayenera kufufuza ngati mawuwo munawanena mwa kufuna kwanu, ndipo okakamizidwa limawataya. Mukatuluka pitani ku chipatala tsiku lomwelo, kaya ku Chipata Level One kapena ku Matero, mabala asanapole. Tengani fomu ya lipoti la dokotala, jambulani mabalawo pa foni, sungani malaya a magazi. Zambia inavomereza pangano la United Nations loletsa kuzunza anthu mu 1998, ndipo wozunzidwa angathe kusumira boma kudzera kwa Attorney General.

Pali zina ziwiri zimene zazolowereka m'makomboni ngakhale zilibe maziko m'lamulo. China ndi kumanga mkazi, mayi kapena m'bale wa munthu wothawa kuti wothawayo adzipereke. Mlandu ndi wa amene waupalamula. China ndi kugwiritsa ntchito selo potolera ngongole. Kulephera kulipira lendi kapena kubweza ngongole ndi nkhani ya ku Local Court kapena Small Claims Court, ndipo eni nyumba amene amatengera alendi awo ku polisi akuthandiza kuwononga lamulo limene tsiku lina adzalifuna. Za ana, malamulo a 2022, kuphatikizapo Children's Code Act, amati mwana wosakwana zaka 12 sazengedwa mlandu, ndipo wamkulupo asafunsidwe popanda kholo, womulera kapena wa ofesi yoona za ana, komanso asatsekeredwe pamodzi ndi akuluakulu.

Apolisi akafika pakhomo kudzafufuza m'nyumba, funsani chikalata cha khoti ndipo muwerenge dzina ndi nyumba zolembedwapo. Lamulo limawalola kulowa popanda chikalata pa zifukwa zina, monga pothamangitsa munthu amene wathawira mkati. Ngakhale zili choncho, itanani mnansi aonerere, ndipo chilichonse chimene atenga chilembedwe.

Shishita

Palibe wa ku komboni amene sadziwa shishita, galimoto ya apolisi yosesa anthu usiku. Imatenga woledzera ndi wakuba, komanso imatenga mlonda wochokera ku ntchito, wophika m'lesitilanti wotsika basi yomaliza, ndi mayi wolawirira mbandakucha kukapikula tomato ku Soweto Market. Maziko ake ndi malamulo akale a atsamunda a mu Penal Code onena za anthu ongoyendayenda. Kuyenda usiku pakokha si mlandu. Lamulo loletsa kuyenda usiku limakhalapo pokhapokha litalengezedwa, monga zinachitikira ku Kanyama mu Januwale 2018 nthawi ya kolera.

Ku Malawi, wogulitsa majumbo wa ku Blantyre, Mayeso Gwanda, anamangidwa mbandakucha akupita kukagulitsa malonda ake. Sanalipire kuti atuluke n'kuiwala. Anapita ku High Court, ndipo mu Januwale 2017 khotilo linagamula kuti ndime imene anamangidwira ndi yotsutsana ndi malamulo aakulu a Malawi. Mu Disembala 2020 khoti la ufulu wa anthu la Africa, la ku Arusha, linanenanso kuti malamulo otere amalanga umphawi ndipo mayiko awachotse. Galimoto ya shishita siyenda m'misewu ya anthu olemera, ndipo zimenezo zokha zikuonetsa amene lamuloli linapangidwira.

Kusonkhana

Mlandu uja wa a Kaunda umadziwika ndi dzina la Christine Mulundika, mmodzi wa anthu asanu ndi atatu amene anazengedwa. Mu Januwale 1996 Supreme Court, motsogozedwa ndi Chief Justice Matthew Ngulube, inagamula kuti kukakamiza nzika kupempha chilolezo cha apolisi kuti zisonkhane n'kotsutsana ndi ndime 20 ndi 21. Chaka chomwecho nyumba ya malamulo inasintha lamulolo. Kuchokera pamenepo ofuna kuchita msonkhano kapena kuguba amangodziwitsa apolisi masiku 7 lisanafike tsikulo. Apolisi akaona kuti sangathe kupereka chitetezo, ayenera kulemba kalata yofotokoza zifukwa ndi kutchula tsiku lina. Osakhutira angadandaule kwa nduna, kenako ku High Court. Mu 2003, pa mlandu wa madokotala a Resident Doctors Association amene analetsedwa kuguba, Supreme Court inapezanso apolisi olakwa.

Komabe mawu akuti "pemiti" sanafe, pakamwa pa apolisi ndi pakamwa pathu pomwe. Pofika 2025 lamulo la 1955 lija linali likadalipo, ngakhale maboma otsatizana analonjeza kulikonza. Pa 29 Seputembala 2017 Laura Miti, woimba Pilato ndi anzawo anamangidwa kunja kwa nyumba ya malamulo akufunsa chifukwa chake magalimoto 42 ozimitsa moto anagulidwa pa madola 42 miliyoni. Khoti linawapeza osalakwa mu Disembala 2018, atayenda ku khoti chaka chathunthu. Mu Juni 2020 achinyamata ena anachita kukalankhulira kutchire n'kuulutsa pa Facebook chifukwa m'tauni munadzaza apolisi onyamula zida.

Ufulu umenewu si wa zipani zokha. Anthu a ku Kabanana akafuna kuguba chifukwa cha madzi osowa pampopi, msewu wokumbika, ngalande zotsekeka kapena malo amene agawidwa mwachinyengo, njira ndi yomweyi. Lembani kalata yotchula tsiku, nthawi, malo ndi njira, perekani makope awiri, imodzi idindidwe ibwerere kwa inu. Sankhani anthu osungitsa bata pakati panu. Mwala umodzi woponyedwa ndi mnyamata woledzera umakwanira kusandutsa dandaulo la madzi kukhala chipolowe.

Pakamwa ndi pa foni

Kudzudzula pulezidenti, nduna kapena khansala ndi ufulu wanu. Mlandu wonyoza pulezidenti, umene unali pa ndime 69 ya Penal Code, unachotsedwa. Koma misampha ina idakalipo: mlandu wa mawu outsa anthu kuukira boma, ndi ndime 70 yoletsa kunyoza anthu chifukwa cha mtundu wawo kapena kumene amachokera. Kunyoza Atonga, Abemba, Alozi kapena ife a kum'mawa n'koipa ndipo kuyenera kulangidwa. Chofunika n'chakuti chilangocho chigwere aliyense mofanana, wa chipani cholamula ndi wotsutsa yemwe.

Pa 12 Ogasiti 2021, tsiku la chisankho, WhatsApp ndi Facebook zinatsekedwa, ndipo zinatengera bungwe la Chapter One Foundation kupita ku High Court kuti zitsegulidwe. Lamulo la intaneti la 2021, limene a UPND ankalidzudzula ali kotsutsa, linalowedwa m'malo mu Epulo 2025 ndi awiri atsopano, Cyber Security Act ndi Cyber Crimes Act. Boma likuti ndi olimbana ndi akuba a pa foni ndi onyoza anzawo, ndipo mavuto amenewo alipodi. Bungwe la maloya la LAZ ndi mabungwe ena akuti malamulowa akupereka mphamvu zambiri zomvetsera ndi kufufuza mauthenga a anthu. Langizo langa n'lakuti musasiye kulankhula. Nenani zimene mukuzidziwa, tchulani vuto ndi ofesi yoyenera kulikonza, siyani kutukwana, ndipo musatumize mphekesera zimene simunazitsimikize.

Pamene akusintha malamulo enieniwo

Kupondereza kwina kumachitika popanda mfuti, m'nyumba ya malamulo ku Manda Hill. Mu 2001 a Chiluba atafuna kulamulira kachitatu, mipingo, maloya ndi mabungwe a amayi anagwirizana mu Oasis Forum, anthu anavala maliboni obiriwira, magalimoto analiza mahutala, ndipo maganizowo anagwa. Bill 10, bilu yosintha malamulo aakulu, inagwa pa 29 Okutobala 2020 itapeza mavoti 105 pamene inkafunika 111. Mu Juni 2025 Constitutional Court inagamula kuti boma linalakwitsa poyamba kusintha malamulo aakulu, kumene kunabala Bill 7, lisanafunse anthu mokwanira. Boma linakhazikitsa komiti yomva maganizo, ndipo biluyo inadutsa mu Disembala chaka chomwecho mabungwe ena akutsutsabe. Izi zisanachitike, mu Okutobala 2024, majaji atatu a khoti lomwelo anachotsedwa ntchito potsatira malangizo a Judicial Complaints Commission. Boma linati latsata lamulo, otsutsa anati ndi kubwezera pa zigamulo zakale. Khoti limene majaji ake akuopa ntchito yawo silingateteze wa ku Kabanana.

Pali mwayi umodzi umene tinautaya tokha. Pa 5 Januwale 2016 a Lungu anasainira malamulo aakulu okonzedwanso ku National Heroes Stadium, pafupi ndi kwathu kuno, koma Gawo 3 silinakhudzidwe, chifukwa ndime 79 imati limasinthidwa ndi referendamu yokha. Referendamuyo inachitika pa 11 Ogasiti 2016 pamodzi ndi chisankho. Ikanawonjezera ufulu wa madzi abwino, chakudya, nyumba, chithandizo cha kuchipatala ndi maphunziro. Ambiri mwa ovota anati inde, koma anavota anali pafupifupi 44 pa 100 alionse oyenera kuvota, ndipo mavoti a inde sanafike theka la onse monga lamulo limafunira. Nkhaniyo inasanduka ya zipani, wina akuti inde chifukwa cha PF, wina akuti ayi chifukwa cha UPND. Mpaka lero mayi wotunga madzi a pachitsime chosaya pafupi ndi chimbudzi alibe ndime ya m'Gawo 3 yotchula madzi imene angaigwire popita ku khoti.

Kokadandaula

Dandaulo la khalidwe la wapolisi limapita ku Police Public Complaints Commission. Kuphwanyidwa kwa ufulu kulikonse, makamaka munthu wosungidwa m'selo mopyola nthawi, kauzeni a Human Rights Commission, amene ali ndi mphamvu yoyendera maselo ndi ndende; nambala yawo yaulere ndi 8181. Ofesi ya boma kapena khonsolo ikakuchitirani zosalungama, kuli Public Protector. Za ziphuphu ndi za Anti-Corruption Commission. Wopanda ndalama ya loya apite ku Legal Aid Board, ndipo amayi ndi ana angathandizidwenso ku National Legal Aid Clinic for Women. Kulikonse kumene mupite, nyamulani tsiku, nthawi, malo, maina a mboni ndi mapepala, ndipo sungani kope yanu. Maofesiwa amachedwa ndipo ena mphamvu zawo n'zochepa, koma dandaulo lolembedwa limasiya chizindikiro chimene wolakwa sangachifafanize.

Lamulo la Access to Information Act la 2023 limakupatsani ufulu wopempha zikalata za boma. Ndalama za chitukuko za CDF zinakwera kuchoka pa K1.6 miliyoni kufika pa K25.7 miliyoni pa dera la phungu aliyense mu 2022, ndipo zakhala zikukwerabe. Kufunsa ku Ward Development Committee kuti kontilakiti ya msewu inapatsidwa kwa yani, pa mtengo wanji, ndi ntchito ya nzika, ndipo palibe amene ayenera kukufunsani khadi ya chipani musanayankhidwe.

Mbali yathu

Nyengo ya gasi ija inasiyanso manyazi pa ife eni. Anthu makumi angapo anaphedwa ndi magulu a anthu m'dziko muno, ena kuwotchedwa, pongoganiziridwa. Ambiri anali alendo osochera, okalamba kapena odwala misala. Mapositi a polisi anaphwanyidwa, ndipo ovutika pambuyo pake anali anthu a m'dera lomwelo. Ndime 18 imene imakutetezani kwa wapolisi imatetezanso wakuba foni amene mwamugwira pamsika. Ndime 43 imatchula udindo wa nzika, monga kukhoma misonkho, kusamala malo okhala, kuthandizana ndi osungitsa lamulo, kulembetsa ndi kukavota. Apolisi ambiri ndi anansi athu, amachita lendi m'makomboni momwemu pa malipiro ochepa, ndipo alipo amene amakana malangizo oipa mwakachetechete. Amenewo amalimba mtima akaona kuti anthu akudziwa lamulo.

Ndime 2 imapatsa munthu aliyense ufulu ndi udindo woteteza malamulo aakulu. Amayi ndi abambo a ku Kabanana, Chazanga, Chipata ndi Mandevu, tengani nkhani izi mukazikambe ku chilimba, ku miphakati ya tchalitchi, ku mzikiti ndi pasiteshoni ya mabasi. Lembani nambala ya 8181 m'foni ya mwana wanu. Ndipo mnansi akatengedwa usiku, musayambe mwafunsa kuti amavala chitenje cha chipani chiti. Dzukani m'mawa, tengani NRC yanu, mupite muli awiri mukafunse kuti wamangidwa pa mlandu wanji ndipo apita liti ku khoti.